Tilembe mayina a makolo athu agogo akadali moyo



Pali ndime ina ya Mthenga Wabwino imene ambiri amaimvera ndi khutu limodzi. Ndi ndime yotsegulira buku la Mateyo Woyera, mutu 1, mavesi 1 mpaka 17, imene Mpingo umatiwerengera pa Misa ya pa 17 Disembala, ndiponso pa Misa ya madzulo olowera Khirisimasi. M'ndimeyi mulibe chozizwitsa, mulibe fanizo, mulibe ngakhale liwu limodzi lotuluka pakamwa pa Ambuye Yesu. Muli mayina okhaokha, wina kubereka wina, kuyambira pa Abrahamu mpaka pa Yosefe, mwamuna wa Maria. Mateyo anawasanja m'magulu atatu a mibadwo 14 gulu lililonse: kuchokera pa Abrahamu kufika pa mfumu Davide, kuchokera pa Davide kufika pa ukapolo wa ku Babiloni, ndi kuchokera pa ukapolowo kufika pa Khristu. Luka Woyera, m'mutu 3, anabwerera m'mbuyo koposa apo, mpaka anakafika kwa Adamu. Tanthauzo lake n'lakuti Mwana wa Mulungu sanagwe kumwamba ngati matalala. Anabadwira pa banja, ndipo banjalo linkadziwa kumene linachokera.

Nanga ife tingatchule mibadwo ingati? Masamu ake ndi apafupi. Munthu aliyense ali ndi makolo awiri, agogo anayi, makolo a agogo asanu ndi atatu, ndipo m'mbuyo mwa amenewa muli ena 16. Onse pamodzi ndi anthu 30 m'mibadwo inayi yokha. Pakati pathu alipo achinyamata amene angatchule osewera onse a timu ya mpira ya ku England, ndi amene ali pa benchi omwe, koma mukawafunsa dzina la mayi amene anabereka agogo awo aakazi, amangoti kukamwa yasa. Mlandu suli pa iwo okha ayi, pakuti palibe amene anawakhazika pansi n'kuwauza. Ganizo lathu sabata ino ndi limodzi: banja lililonse la m'parishi muno lilembe mndandanda wa makolo ake tsopano lino, akuluakulu odziwa akadali ndi moyo, ndipo lilembe mayina onse, osasankha okoma okha.

Kuno ku Phalombe nkhaniyi ili ndi kulemera kwake kwapadera, chifukwa mayina athu anatayikapo kale kamodzi. Ambiri mwa ife ndife Alhomwe. Makolo athu amaloza ku phiri la Namuli, kufupi ndi Gurue m'chigawo cha Zambezia ku Mozambique, kuti ndiko kuchimake. Ena anali atakhazikika kale chakuno malire asanadulidwe pakati pa Angerezi ndi Apwitikizi m'chaka cha 1891, koma chikhamu chachikulu chinawoloka kumapeto kwa zaka za m'ma 1800 ndi zaka zoyambirira za m'ma 1900, pothawa njala, misonkho ndi ntchito yokakamiza ya Apwitikizi. Anafika atasenza timitolo tochepa, napempha malo kwa mafumu a Amang'anja ndi Ayao amene anawapeza. Ambiri anakathera m'minda ya azungu ku Mulanje, Thyolo ndi Chiradzulu, kumene ankalipira malo okhala ndi thukuta lawo pa ntchito ya thangata.

Kumeneko anakumana ndi chinthu china chowawa kuposa khasu: chitonzo. Ankatchedwa Anguru, dzina limene pakamwa pa ena linasanduka chipongwe. Pofuna kuti ana awo asasekedwe, makolo ambiri analeka kuyankhula Chilhomwe pagulu, kenaka analeka kuchiyankhula ngakhale pakhomo. Ena anasintha mayina, ena anabisa kumene anachokera. Lewis Bandawe, mkhristu wa mishoni ya Blantyre amene anathandiza kumasulira Chipangano Chatsopano m'Chilhomwe, anatsogolera anzake m'zaka za m'ma 1940 kudandaulira boma la atsamunda kuti dzina lachitonzolo lileke kugwiritsidwa ntchito, ndipo boma linavomera. Dzina linakonzedwa, koma zambiri zinali zitapita kale ndi mphepo. Kalembera wa 2018 anapeza kuti Alhomwe ndi mtundu wachiwiri kukula m'Malawi muno, kutsatira Achewa, pafupifupi anthu 19 mwa 100 alionse. Komabe ndi angati mwa achinyamata athu amene angauze mlendo ngati kwawo ndi Amihavani, Atakhwani, Amanyawa, Amarenje kapena Akokhola? Akale anati mbewa ya manyazi inafera kuuna. Manyazi a nthawi ija sanaphe anthu, koma anakwirira mayina.

Kuyambira pamene bungwe la Mulhako wa Alhomwe linakhazikitsidwa pamwambo wa ku Chonde m'boma la Mulanje mu Okutobala 2008, motsogozedwa ndi malemu Bingu wa Mutharika, manyazi aja anachepa. Gule wa tchopa analembedwa ndi bungwe la UNESCO m'chaka cha 2014 pa mndandanda wa chuma cha chikhalidwe cha anthu a dziko lonse lapansi. Zimenezi n'zokondweretsa. Koma chikondwerero cha pachaka chimakumbutsa mtundu wonse, sichingakuuzeni dzina la mayi amene anawoloka malire atabereka agogo anu kumsana. Ntchito imeneyo palibe bungwe lingakugwirireni. Ndi ya pakhomo panu.

Ndipo nthawi sikutidikira. Phiri la Michesi linatiphunzitsa zimenezi mu Malichi 1991, pamene madzi, matope ndi miyala zinatsika n'kukokolola midzi, anthu mazanamazana n'kutisiya tsiku limodzi. Namondwe wa Freddy anabwereza phunzirolo mu Malichi 2023, pamene dziko lathu linataya anthu oposa 1,000, kuphatikizapo amene matupi awo sanapezeke, ndipo dera la Nkhulambe linali limodzi mwa madera amene anavulazidwa koposa. Pa ngozi zoterezi timawerenga nyumba, ziweto ndi minda zimene zapita. Sitiwerenga makadi a ubatizo amene anali m'chikwama pansi pa bedi, zithunzi zakale, ndi nkhalamba zimene zinasunga m'mutu mbiri ya mbumba yonse. Nyumba imamangidwanso, mbuzi imagulidwanso. Agogo akatsikira kuli chete asananene zimene akudziwa, palibe msika umene tingakazigule.

Mwina wina afunsa kuti kudziwa mayina a anthu amene anafa kale kumadyetsa yani. Tiyambe ndi ukwati, popeza ndi nkhani imene ili pafupi ndi mitima ya achinyamata. Malamulo a Mpingo a 1983, pa nambala 1091, amaletsa ukwati pakati pa munthu ndi kholo lake kapena mdzukulu wake mulimonse, ndiponso pakati pa achibale a m'mbali kufikira pa sitepe yachinayi. Kawerengedwe kake n'kotere: mlongo ndi mlongo wake ali pa sitepe yachiwiri, malume ndi mwana wa mlongo wawo ali pa yachitatu, ana a munthu ndi mbale wake kapena mlongo wake ali pa yachinayi. Ndiye kuti asuweni enieni, amene mwambo wa makolo unkawalola kukwatirana, sangamange ukwati wa mu Mpingo popanda chilolezo cha Ambuye Episkopi. Kale anthu ankakwatirana m'midzi yoyandikana, ankhoswe akudziwa mbali zonse ziwiri. Lero mnyamata wa ku Migowi ndi mtsikana wa ku Chiringa amakumana ku Limbe kapena ku Johannesburg, kapenanso pa Facebook, n'kugwirizana zonse akuluakulu asanamve. Zilengezo za ukwati zimene timamva m'tchalitchi zimathandiza pokhapokha ngati pali wina amene akudziwa chibalecho. Ngati onse odziwa anapita, adzaimirira ndani?

Chachiwiri ndi malo. Kwathu kuno ndi kwa chikamwini, ndipo munda umatsata bele la mayi. Boma lathu, limene linadulidwa ku Mulanje m'chaka cha 1998, linali ndi anthu oposa 400,000 pa kalembera wa 2018, koma nthaka sikukula. Lamulo la malo a makolo la 2016 linatsegula njira yoti mabanja azilembetsa malo awo. Tsono pa bwalo la mfumu, funso limene limathetsa mlandu wa munda nthawi zambiri ndi la mbiri: anayamba kuswa mphanje pamenepa ndani, anabereka yani, nanga uyu akubwera bwanji m'mbumbayi? Pamene odziwa atha, amene amapambana ndi wa mawu okwera kapena wa thumba lolemera, ndipo amene amagwa ndi ana amasiye. Pepala lolembedwa pa nthawi ya mtendere, mbali zonse zikuvomereza, limateteza ofooka kuposa mboni zosakidwa mkangano utabuka kale.

Chachitatu ndi achibale athu amene anabalalika. Alipo azibambo amene anapita ku migodi ya ku Joni kudzera ku Wenela ndi Theba, kapena ku minda ndi migodi ya ku Zimbabwe, n'kusanduka matchona. Kumeneko anasiya ana ndi zidzukulu amene amadziwa mawu amodzi okha, akuti agogo anachokera ku Mulanje. Alipo achibale a tsidya lina la malire, ku Milange ndi kupitirira, amene ena mwa iwo anathawira kuno pa nkhondo ya ku Mozambique imene inatha m'chaka cha 1992, n'kubwerera kwawo mtendere utabwera. Chibale ndi fupa, sichiola, koma fupalo likakwiririka popanda chizindikiro, mdzukulu amalima pamwamba pake osadziwa. M'chaka cha 1976 Alex Haley, Mmereka wakuda, anatulutsa buku lotchedwa Roots, lofotokoza za kufunafuna kwake mudzi wa ku Gambia kumene ankakhulupirira kuti kholo lake linagwidwa ukapolo. Mpaka lero zidzukulu za akapolo zimalipira ndalama zambiri kupimitsa malovu kuti zingomva chabe dera la Africa kumene magazi awo anachokera. Kupima koteroko kungaloze chigawo, koma sikungatchule dzina la munthu. Chimene iwo akuchisaka ndi madola, ife tili nacho pakhonde, chikusenda chinangwa.

Tsono tiyambire pati? Tiyambire kwa amoyo. Pitani kwa agogo aakazi, kwa amalume amene ndi mwini mbumba, kwa azakhali a ku chimuna. Musapite chimanjamanja kapena mothamanga, ndipo musayambe ndi mafunso ngati wapolisi. Khalani pamphasa, thandizani ntchito imene mwaipeza, nkhani idzabwera yokha. Funsani dzina la munthu aliyense, mudzi ndi mfumu yake, amene anakwatirana naye, ana ake onse motsatana, ndi kumene anaikidwa. Akuluakulu sasunga zaka m'manambala, amazisunga m'zochitika. Akakuuzani kuti uje anabadwa chaka cha njala yaikulu ija, lembani 1949. Akati anakwatiwa dziko litangolandira ufulu, lembani 1964. Akati anamwalira chaka chimene Papa anabwera, ndiye 1989, pamene Papa Yohane Paulo Wachiwiri anayendera Malawi. Ngati muli ndi foni yojambula mawu, pemphani chilolezo, mujambule, koma mukafika kunyumba mukopere m'kope, chifukwa foni imabedwa, imagwera m'madzi.

Chenjerani ndi mayina. Munthu mmodzi wakale ankatha kukhala ndi dzina la paubwana, dzina la ku chinamwali, dzina la ubatizo, ndi lina limene kalaliki wa ku esiteti analemba m'buku la malipiro chifukwa lenilenilo linamukanika kutchula. Komanso m'mabanja ambiri ana amatenga dzina loyamba la bambo awo kukhala dzina la banja, kotero kuti dzina la banja limasintha m'badwo uliwonse. Lembani mayina onse a munthu mmodzi pamzere umodzi, kuopa kusandutsa munthu mmodzi kukhala anthu atatu. Ndipo lembani mbali zonse ziwiri. Sukulu ndi chiphaso cha unzika zimatizoloweretsa kutsata dzina la bambo, pamene mudzi umatsata bele la mayi. Mkhristu alibe chifukwa chotayira mbali ina, pakuti lamulo lachinayi la Mulungu limatchula bambo ndi mayi pamodzi.

Mukatha kwa amoyo, bwerani ku parishi. Ambiri sadziwa kuti Mpingo ndi umodzi mwa osunga mbiri akale kwambiri m'dziko muno. Msonkhano wa ku Trent unalamula m'chaka cha 1563 kuti ansembe azilemba maukwati ndi maubatizo m'mabuku, ndipo amishonale a chipani cha Montfort, amene anafika ku Nzama m'boma la Ntcheu m'chaka cha 1901, anabwera nacho chizolowezi chimenechi. M'buku la ubatizo mumalembedwa dzina la wobatizidwa, makolo ake, womuimirira, wansembe wobatiza, malo ndi tsiku la ubatizo, ndiponso tsiku ndi malo obadwira. Munthuyo akadzalimbikitsidwa kapena kumanga ukwati, zimenezonso zimakalembedwa pambali pa dzina lake ku parishi imene anabatizidwira. Kumbukirani kuti kulembetsa mwana aliyense wobadwa kunakhala lamulo logwira ntchito kwa Amalawi onse m'chaka cha 2015, ndipo ziphaso za unzika zinafalikira m'chaka cha 2017. Zisanafike zaka zimenezi, kwa anthu ambiri a m'midzi khadi la ubatizo ndilo linali umboni wokhawo wolembedwa wakuti anabadwa liti ndipo anabadwa kwa yani. Mabukuwa si a chionetsero, chifukwa muli nkhani za mabanja a eni. Koma mukafika mwaulemu kwa Bambo Mfumu ndi dzina, mudzi ndi chaka choyerekeza, kufunsa za kholo lanu lenileni, njira imapezeka. Ngati makolo anu anabatizidwa parishi yathu isanadulidwe, mayina awo adzapezeka ku parishi imene inabala yathuyi. Ngati anali a mpingo wina kapena Asilamu, alembeni momwemo, pakuti ndi makolo anu ndithu.

Pali mawu awiri otsutsa amene tiyenera kuwayankha moona. Oyamba amachokera kwa alaliki ena amene amaphunzitsa achinyamata kuti mavuto awo onse, kusowa ntchito, kusakwatiwa, kudwaladwala, ndi matemberero ochokera kwa makolo, ndipo kuti mkhristu adule chingwe chilichonse chomulumikiza ndi akale. Chiphunzitso chimenechi chadanitsa ana ndi agogo awo, ndipo nkhalamba zina zatchedwa mfiti pa zifukwa zopanda umboni. Mneneri Ezekiele, m'mutu 18, amaphunzitsa momveka kuti mwana sasenza mlandu wa bambo wake. Ambuye Yesu, pa Yohane mutu 9, anakana ganizo lakuti munthu uja anabadwa wakhungu chifukwa cha tchimo la makolo ake. Kulemba dzina la kholo si kulipembedza. Papa Yohane Paulo Wachiwiri, m'kalata yake ya Ecclesia in Africa ya 1995, anaona ulemu umene Aafirika amapereka kwa makolo awo ngati njira yokonzekera chikhulupiriro cha umodzi wa oyera. Pa 2 Novembala ndi mwezi wonsewo timapempherera akufa. Kodi si bwino kuwapempherera powatchula mayina, m'malo mongoti onse amene tinawaiwala?

Mawu achiwiri ndi olemera kuposa oyambawo, chifukwa amachokera m'Malembo momwe. Paulo Woyera anachenjeza Timoteo ndi Tito kuti apewe mikangano ya mindandanda ya makolo imene sipindulitsa. Yohane Mbatizi anadzudzula amene ankadzitama kuti ndi ana a Abrahamu, nawakumbutsa kuti Mulungu angathe kuutsira Abrahamu ana kuchokera ku miyala. Chenjezoli likutikhudza. Mndandanda wa makolo ungasanduke chibonga: uyu ndi wobwera, uyu ndi mdzukulu wa kapolo, ife ndife eni nthaka, voti yathu ipite kwa wa mtundu wathu. Amene angalembe mbiri ya banja ndi mtima wotere, bola asailembe.

Mankhwala ake ali mu ndime ya Mateyo yomwe ija. Mlembi wofuna kudzitama akanasankha mayina oyera okhaokha. Mateyo anaikamo amayi anayi amene wolemba mbiri ya ufumu akanawabisa. Tamara anaberekera apongozi ake Yuda ana mwa njira yochititsa manyazi. Rahabu anali mkazi wadama wa ku Yeriko. Rute anali mlendo wa ku Mowabu, amene anafika ku Betelehemu ali wamasiye n'kumakunkha m'minda ya eni. Wachinayi Mateyo sanamutchule n'dzina lomwe, anangomutcha mkazi wa Uriya, kuti tchimo la mfumu Davide lisaiwalike. M'mndandandamo mulinso mafumu oipa monga Ahazi ndi Manase. Mulungu sanachite manyazi kubadwira m'banja lotere.

Ifenso tikakumba tidzapeza zotere. Mpata wa pakati pa phiri la Mulanje ndi Michesi, pamene Angerezi anamanga linga la Fort Lister m'chaka cha 1893, unali njira ya akapolo opita kunyanja yamchere. Mwa makolo a anthu a dera lino alipo amene anagwidwa, ndipo alipo amene anagwira anzawo. Tidzapeza agogo a mitala, mwana amene bambo wake satchulidwa, mkamwini amene anathawa n'kusiya mbumba pa njala. Tilembe choonadi, koma mwachikondi. Chinsinsi chimene chingavulaze munthu wamoyo si cha pa WhatsApp, ndipo kope la banja lisungidwe ndi banja. Koma tisafafanize munthu chifukwa choti mbiri yake siyokoma, pakuti popanda iye ife sitikanakhalapo. Ndipo amene wapeza kuti agogo ake anafika kuno ngati Rute, wopanda munda, n'kulandiridwa ndi eni mudzi, sangathenso kutcha mnzake wobwera ndi mtima wopepuka. Akapitiriza kukumba adzapeza Mmang'anja, Myao kapena Msena m'magazi ake omwe. Mbiri ya banja yolembedwa moona imachepetsa mtima, siikuza.

Pempho lathu kwa magulu a achinyamata ndi miphakati yonse ndi ili. Sabata ino aliyense agule kope limodzi, alembe dzina lake pa tsamba loyamba, ndipo Lamulungu likudzali Misa ikatha akachezere munthu wamkulu koposa onse m'banja lake. Ayambe ndi mayina 14: makolo awiri, agogo anayi, ndi makolo a agogo asanu ndi atatu. Pamene dzina lasowa asiye mpata, asapeke. Akatero atembenuze kope n'kulemba otsika: ana, adzukulu ndi zidzukulutudzi za agogo aja, kulikonse kumene ali. Zolembazo zikopedwe kawiri, kope lina likasungidwe kwa wachibale wa kutali, kuti madzi akadzabweranso asadzatenge zonse. Amene muli ndi makolo a ubatizo, alembeninso, pakuti iwonso anakuberekani m'chikhulupiriro. Mwezi wa Novembala ukadzafika, tidzabwere nawo mayinawo ku Misa ya akufa.

Mawu a akulu amakoma akagonera, koma amagonera mwa amene anawamva. Mulungu wa Abrahamu, Isaki ndi Yakobe, amene amadziwa aliyense ndi dzina lake, awapatse mpumulo wosatha makolo athu amene tikuwadziwa ndi amene tikuwafunafuna, ndipo Amayi Maria atipempherere. Mukhale ndi sabata yabwino.